MASIKONO A OATS NDI MPHESA ZOUMA, NDI KAPHIKIDWE KAKE POPANDA UVUNI

Nkhani iyi yakonzedwa kuti iwerengedwe pa misonkhano ya amai ku Chiosya ndi midzi yozungulira, m'boma la Mchinji. Aphunzitsi ndi ena onse odziwa kuwerenga apemphedwa kuiwerengera anzao mokweza, ndi kuima pang'ono pamene patchulidwa miyeso, kuti omvera ailembe kapena aisunge pamtima.



Pa tsiku la msika munthu sayenda mtunda wautali asanakomane ndi beseni la masikono. Anyamata a kabaza agula, ana a sukulu agula, ndipo ngakhale gogo amene wagulitsa nkhuku yake sabwerera kumudzi wopanda kaphukusi ka masikono a adzukulu. Koma mwa amai onse amene adya masikonowo, ndi owerengeka okha amene anayesapo kuphika kunyumba kwao. Akafunsidwa chifukwa chake, yankho likhala limodzi-modzi, lakuti alibe uvuni. Ena anayesa kamodzi, ndipo anatulutsa mumphika zinthu zolimba ngati mwala wonolera mpeni, zopserera kunsi, zaziwisi pakati. Ufa wogula ndi ndalama zambiri unapita kwa agaru, ndipo bambo wa pakhomopo sanaiwale kufikira lero. Mai wotere sabwerezanso.

Komatu cholakwa sichinali kusowa kwa uvuni ai. Masikono oyamba m'dziko lapansi sanaphikidwe m'uvuni konse.

Dzina lakuti sikono linachokera ku mau akuti scone, a ku Scotland, kwao kwa Dr David Livingstone ndi amishoni aja anakhazikitsa mishoni ya Livingstonia m'chaka cha 1875 ndi ya Blantyre m'chaka cha 1876. Mauwa ndi akale ndithu, pakuti apezeka kale m'buku lolembedwa m'chaka cha 1513. Dziko la Scotland ndi lozizira ndi lamvula, ndipo mbeu imene imachita bwino kumeneko ndi ina yotchedwa oats, ya mtundu wa tirigu koma yopirira chisanu. Anthu a kumeneko ankaphika phala la oats monga momwe anthu a kuno aphikira phala la mgaiwa. Tsono amai ao ankakanda ufa wa oats, kuupanga chimkate chimodzi chozungulira ndi chaphanthiphanthi, ndi kuchiika pa chitsulo chosalala pamwamba pa moto. Chikapsa ankachidula zidutswa za ngodya zitatu. Chitsulo chimenecho sichisiyana kweni-kweni ndi chiwaya chimene amai a ku Chiosya akazingira chimanga ndi mtedza. Chotero sikono linayambira m'khichini ya anthu osauka, pa moto wamba.

Pali kusiyana kumodzi kumene omvera ayenera kukudziwa msanga. Masikono ambiri a pamsika amatupitsidwa ndi yisiti, monga buledi. Ufa wake ukandidwa nthawi yaitali ndi mphamvu, ndipo usiyidwa kuti ufufume. Masikono a m'nkhani ino satero. Iwo amatupa ndi soda kapena ndi baking powder, safuna kudikira, ndipo kukanda ndi mphamvu ndiko kuwapha. Amai ambiri amene analephera, analephera chifukwa anatenga dzanja la buledi nalipititsa ku sikono.

Zofunika kuti patuluke masikono 8 kapena 10 ndi izi: makapu 2 a ufa wa tirigu, umene m'sitolo autcha fulawa; kapu 1 ya oats; masupuni aang'ono 3 a baking powder; masupuni aakulu 3 a shuga; theka la supuni yaing'ono ya mchere; masupuni aakulu 5 a majarini; theka la kapu ya mphesa zouma; dzira 1; ndi mkaka theka la kapu, kapena kupitirira pang'ono. Kapu yake ndi yomwera tiyi, ndipo ikhale imodzi yomweyo poyesa zonse. Supuni isakhale ya phiri. Mai aisalaze pamwamba ndi msana wa mpeni. Amai ambiri aseka akamva za kuyesa, popeza nsima aphika tsiku ndi tsiku osayesa kanthu. Koma nsima ikalimba aonjeza madzi, ikafewa aonjeza ufa, mphika uli pamoto. Sikono likalowa mumphika palibenso kulikonza.

Chinthu choyamba chofunika kuchimvetsa ndi chotupitsa. Soda sachilendo kwa mai aliyense wophika therere kapena chigwada, ndipo amai akale, soda asanafike m'masitolo, ankachezera chidulo cha phulusa pa nchito yomweyo. Koma soda payekha satupitsa ufa bwino. Afuna kukomana ndi chinthu chowawasa, ndipo zikakomana zitulutsa mpweya wotchedwa carbon dioxide. Wofuna kuona ndi maso ake athire soda pang'ono m'kapu, ndi kufinyiramo ndimu. Aona thobvu likukwera nthawi yomweyo. Thobvu limenelo likatsekeredwa m'kati mwa ufa wokanda, ndilo likweza sikono pamoto. Baking powder ndi soda yemweyo wosanganiza kale ndi chowawasa chouma, chimene chidikira madzi kuti chiyambe nchito. Anamkonza ndi Alfred Bird, wosanganiza mankhwala wa ku Birmingham m'dziko la England, m'chaka cha 1843, chifukwa mkazi wake ankadwala akadya buledi wa yisiti. Abambo amene aganiza kuti za kukhichini siziwakhudza angalingalire za munthu ameneyo.

Ngati baking powder wasowa kapena wakwera mtengo, mai atenge supuni yaing'ono 1 ya soda, yosadzaza, ndipo m'malo mwa mkaka wabwino athire chambiko. Chambiko ndicho chowawasa chake, ndipo masikono a chambiko ndiwo ofewa koposa onse. Ngati chambiko palibe, afinyire supuni yaikulu 1 ya madzi a ndimu m'kapu ya mkaka ndi kudikira mphindi 10. Mkaka wa soya, umene amai ena a ku Mchinji adziwa kupanga okha, ugwira nchito chimodzi-modzi. Mkaka wa m'khola uyambe wawiritsidwa ndi kuzizira. Soda asachuluke. Wochuluka satupitsa koposa ai. Angosandutsa sikono lachikasu ndi kulipatsa kakomedwe ka sopo. Ndiponso baking powder amatha mphamvu akakhalitsa m'chitini chosatseka bwino, maka-maka nthawi ya dzinja. Mai athire pang'ono m'madzi otentha asanayambe. Ngati sachita thobvu, ameneyo wafa, ndipo kumthira mu ufa ndi kutaya ufawo.

Chachiwiri ndi dzanja. Mai asefe ufa pamodzi ndi baking powder, mchere ndi shuga m'beseni louma, ndi kuthiramo oats. Atatero aikemo majarini ndi kumfikisa mu ufa ndi nsonga za zala zokha, akukweza manja m'mwamba pang'ono kuti ufa uzigwa, kufikira zonse zioneke ngati misere. Asagwiritse zikhato, popeza zikhato nzotentha ndipo zisungunula majarini. Majarini ayenera kukhala wolimba polowa mu ufa, chifukwa timibulu take tikasungunukira pamoto tisiya timipata m'kati mwa sikono, ndipo ndi timipata timeneto timene tichititsa sikono kunyemeka bwino m'manja. M'mwezi wa Okotobala, pamene majarini asungunuka ali m'sitolo momwe, ndi bwino kuika chitini chake mu mtsuko wa madzi usiku, ndi kuphika m'mamawa dzuwa lisanakwere. Mafuta ophikira angathe kulowa m'malo mwake, masupuni aakulu 4 osanganiza ndi mkaka, koma sikono lake likhala ngati chigumu pang'ono.

Mphesa zouma ziviikidwe m'madzi ofunda kwa mphindi 10, zipukutidwe, ndipo zithiridwe mu ufamo. Zikalowa zouma gwa, zimamwa madzi a sikono, ndipo zimene ziri pamwamba zipserera ndi kuwawa. Tsono mai aswe dzira m'kapu yapadera, kuti aone ngati liri labwino, alimenye pamodzi ndi mkaka, akumbe kadzenje pakati pa ufa, ndi kuthiramo. Asathire mkaka wonse nthawi imodzi. Asiyeko pang'ono, popeza ufa wina umamwa madzi kuposa unzake. Asanganize ndi mpeni kapena foloko kufikira ufa wagwirana, basi. Apa ndipo pagona nkhani. M'ufa wa tirigu muli chinthu china chonga ulimbo, chotchedwa gluten, chimene chimalimba ndi kutanuka pamene ufa wonyowa ukandidwa. Wophika buledi auzidwa kukanda kwambiri kuti ulimbowo ulimbe. Wophika sikono afuna kuti ulimbowo ugone tulo. Chotero ufa ukagwirana, mai auike pa thebulo kapena pa thireyi yowaza ufa, aupinde kasanu kapena kasanu ndi kamodzi, ndipo aleke, ngakhale uoneke wosasalala ndi womata pang'ono. Mtima umuuza kuti aonjeze kukanda kuti ukongole, asaumvere.

Aupapatize ndi manja kufikira kuchindikala kwa zala ziwiri zogundana. Angathe kudula ngodya zitatu ndi mpeni monga ankachitira a ku Scotland, kapena kudinda ndi kukamwa kwa kapu yoviika mu ufa. Podinda akanikize kapu molunjika ndi kuikweza, osaipotoza, popeza kupotoza kumata m'mbali mwa sikono ndipo likwera mopendekeka. Pamwamba apakepo mkaka wotsala uja. Zikatere masikono alowe pamoto msanga, chifukwa mpweya uja wayamba kale kutuluka ndipo sudikira munthu. Nchifukwa chake moto ukonzedwe ufa usananyowe.

Moto ndicho chinthu chachitatu, ndipo ndi pamene amai a kumudzi ali ndi nzeru kale, pakuti aliyense wophika chigumu adziwa kuika moto pansi ndi pamwamba. Mai atenge sefuliya yaikulu, athiremo mchenga wa kumtsinje wotsuka ndi wouma, kuya kwake zala ziwiri. Aibvundikire ndi chibvundikiro chachitsulo, aike pa mafuwa kapena pa mbaula, ndipo itenthe kwa mphindi 15 ilibe kanthu. Mchengawo ndiwo uletsa moto wa pansi kupsereza masikono, ndipo usunga kutentha kuti kusakwere ndi kutsika. Masikono aikidwe pa mbale yachitsulo yopaka mafuta pang'ono, moyandikana koma osathinana, ndipo mbaleyo ikhale pamwamba pa mchenga. Pa chibvundikiro aikepo makala a moto. Lamulo lake ndi ili: pa magawo 3 a moto, 2 akhale pamwamba ndi 1 pansi, ndipo pansi pasakhale lawi la moto koma makala okha-okha.

Amene ali ndi uvuni wa magetsi auike pa madigiri 200 kapena 220. Mai wa kumudzi alibe choyesera chotere, koma ali ndi ufa. Awaze ufa pang'ono pa mbale ija ndi kubvundikira. Ngati patapita mphindi imodzi ufa wasanduka wofiirira ngati mtedza wokazinga, moto uli bwino. Ngati wada, achotseko makala. Ngati ukali woyera, adikire. Sikono lifuna moto waukali ndi nthawi yochepa, mphindi 12 kufikira 15 m'uvuni, kapena kufikira 20 mu sefuliya. Moto wofooka uliumitsa lisanakwere. Mai asabvundukule mphindi 10 zisanathe, ngakhale ana amuumirize chotani, popeza kutentha kukathawa sikono ligwa ndipo silidzukanso. Pofuna kudziwa ngati apsa, abaye limodzi pakati ndi kaudzu koyera. Kakatuluka kopanda ufa womata, achotse.

Chenjezo likhalepo pa zitsulo. Chitini chimene munali penti, kapena mankhwala opopera fodya ndi mbeu zina, kapena mafuta a galimoto, chisagwire nchito ya mbale kapena chibvundikiro, ngakhale chitsukidwe kangati. Ndipo za makala: kuotcha makala popanda chilolezo nkoletsedwa ndi lamulo la nkhalango, ndipo mitengo ya m'phiri la Mchinji siidzabwerera msanga ikatha. Zitsononkho za chimanga, zimene ziunjikana pakhomo lirilonse anthu akatha kutonola, zipereka makala okwanira masikono, kungoti zinyeka msanga ndipo mai akhale nazo zina pafupi. Amene alibe ngakhale sefuliya yaikulu abwerere ku njira yoyamba ija: apapatize ufa kufikira chala chimodzi, aike pa chiwaya chowaza ufa pa makala ofatsa, mphindi 6 kapena 7 mbali imodzi, ndi kutembenuza.

Tsono pali funso limene omvera ambiri ali nalo kale mumtima: kodi oats ndi mphesa zouma munthu wa ku Chiosya azipeza kuti, ndipo ndi ndalama ziti? Funsoli nloona. Zinthu ziwirizi zichokera kunja, kawiri-kawiri ku South Africa, kumene mphesa zambiri ziumitsidwa m'mbali mwa mtsinje wa Orange. Zipezeka m'masitolo aakulu a ku Lilongwe ndi ku Chipata, kutsidya kwa malire a Mwami, ndipo mtengo wake si wa tsiku ndi tsiku. Ngakhale tirigu yemwe, ngakhale alimidwa pang'ono m'mapiri ozizira a ku Tsangano ndi ku Neno, wambiri agulidwa kunja ndithu. Mphunzitsi kapena mlimi amene wagulitsa bwino soya wake angathe kugula paketi ya oats pa Khrisimasi kapena pa chinkhoswe, ndipo sadzanong'oneza bondo, pakuti oats apatsa sikono pfungo labwino ndipo akhalitsa m'mimba. Koma pa masiku ena onse, mai adzifunse kuti zinthu ziwirizi zigwira nchito yanji m'sikono. Oats aonjeza chotafuna ndi chokhutitsa. Mphesa zionjeza kutsekemera apa ndi apo. Zonsezi ziri m'munda wa ku Mchinji.

M'malo mwa kapu ya oats alowemo theka la kapu ya nsinjiro zosasalala kwambiri, za mtedza wokazinga pang'ono, ndi theka la kapu ya mgaiwa wosefa. Popeza mtedza uli ndi mafuta ake, majarini achepetsedwe ndi supuni imodzi. Koma makapu 2 aja a tirigu asachepe, chifukwa chimanga ndi mtedza ziribe ulimbo wogwira mpweya, ndipo zikachuluka sikono lingoyoyoka. M'malo mwa mphesa zouma alowemo nthochi zakupsa zodula ting'ono-ting'ono ndi kuyanika pa thandala, zofunditsa ndi kansalu kopyapyala chifukwa cha nchenche. Nthawi yabwino yoyanika ndi ya chilimwe. Mango oyamba a mwezi wa Novembala nawonso auma bwino ngati mvula isanalimbe. Mbatata yofiira m'kati, monga Zondeni ndi Kadyaubwerere, yophika ndi kuipota, ingathe kulowa kapu 1 m'malo mwa theka la kapu ya tirigu. Pamenepo mkaka ndi shuga zichepe. Mbatata imeneyi iri ndi chakudya chopatsa vitamini A, wothandiza maso ndi thupi la ana. Ena adzati limeneli silirinso sikono la oats ndi mphesa. Nzoona, koma mwana amene walinyamula kupita nalo ku sukulu m'mawa sadzafunsa dzina lake.

Pa mtedza pali ngozi imene boma la Mchinji, lolima mtedza wambiri chotere, liyenera kuidziwa bwino. Mtedza wosauma bwino, kapena wothiridwa madzi kuti usweke msanga, umera chuku, ndipo chukucho chitulutsa poizoni wotchedwa aflatoxin, amene aononga chiwindi ndi kupinimbiritsa ana. Poizoniyu anadziwika pambuyo pa chaka cha 1960, pamene nkhukundembo zokwana ngati 100,000 zinafa ku England zitadya chakudya cha mtedza wachuku. Moto wophikira sikono sumupha ai. Pali chizolowezi choipa chakuti mtedza wabwino upita kumsika, ndipo wonyala, wosweka ndi wakuda ndiwo usinjidwa kukhala nsinjiro za ana a pakhomo. Mai asankhe mtedza wake umodzi-umodzi asanasinje, ndipo woipawo autaye, osapatsa ngakhale nkhuku.

Amai ena amva nkhaniyi ali ndi maganizo a geni. Iwowa ayambe ndi theka la miyeso yonse, kawiri kapena katatu, kufikira dzanja ndi moto zazolowera. Kutenga ngongole ku banki m'khonde ndi kugula thumba lathunthu la ufa munthu asanaphunzire, ndiko kuika mbuzi ya pakhomo pa chikole. Akadziwa kuphika, alembe m'kope mtengo wa chinthu chirichonse, pamodzi ndi nkhuni, mafuta opaka mbale ndi ndalama ya msika, agawe ndi chiwerengero cha masikono, ndipo aone ngati pa mtengo umene anthu angalipire patsala kanthu. Mwana wa Sitandade 6 angathe kuwathandiza masamu ake. Kawiri-kawiri kopelo lidzaonetsa kuti masikono a oats ndi mphesa ndi a alendo ndi a masiku aakulu, ndipo a nsinjiro ndi nthochi ndiwo a pamsika. Lidzaonetsanso masikono angati amene apita ndi achibale ongolawa.

Wogulitsa abvundikire beseni lake ndi nsalu yoyera, ndipo dzanja lolandira ndalama lisagwire sikono. Atolere ndi foloko. Anthu sanaiwale kolera ya m'zaka za 2022 ndi 2023, imene inapha anthu oposa 1,700 m'dziko lino, ndipo wogula amaona ukhondo wa wogulitsa asanaone kukula kwa sikono.

Masikono akachoka pamoto aikidwe pa lichero ndi kufunditsidwa ndi nsalu kuti azizire pang'ono-pang'ono. Asaikidwe m'pepala la pulasitiki akali otentha, popeza achita thukuta ndi kuyamba chuku msanga. Masikono a soda akoma tsiku lomwelo ndi la mawa lake. Akafika tsiku lachitatu ayamba kuuma. Otsalawo mai awang'ambe pakati ndi kuwafunditsa pa chiwaya kwa mphindi ziwiri asanawapereke ndi tiyi.